Thanki Yopanda Ndere

"Mankhwala awa asayandikire madzi akumwa, ngakhale dontho limodzi," anatero alangizi a zaulimi, a Maynard, atakweza chigubu choyera m'mwamba kuti tonse tichione. "Chikatha, chibooleni ndi msomali, mukachikwirire. Musatungiremo madzi, musasungiremo thobwa."

Unali mwezi wa Novembala, pakhonde la tchalitchi, tsiku limene kalabu ya alimi inkalandira koyamba mankhwala opha udzu. Palibe amene ankamvetsera. Azibambo anali atazungulira mpope wopopera, aliyense akufuna kuubereka kuti amve kulemera kwake. Azimayi ankafunsana ngati ndi zoona kuti chaka chino khasu lipuma. Wina kumbuyo anati, "Chigubu chokongola chonchi kuchiboola? Alangizi, kwanu muli nazo zambiri eti?" Anthu anaseka, a Maynard nawonso anaseka, kenako anakwera njinga yawo yamoto n'kumapita.

Ine ndinamva. Vuto langa ndi limenelo: ndimamva chilichonse, ndipo chikalowa sichituluka. Dzina langa ndine Salome, kwathu ndi ku Bwanje. Nditamaliza Fomu 4 ndinakwatiwa ndi a Bizwell, ndipo ananditengera kwawo, mudzi wa kumtunda kwa Nsipe. Pakhomopo tinkakhala ndi apongozi anga aNangozo, ndi mlamu wanga Pauline, mchemwali wawo wa amuna anga. Mwana wathu Mtendere anali ndi miyezi isanu tsiku la msonkhanolo. Chibadwire iye, tulo tanga tinasanduka ta nkhuku. Ndinkawerenga zolemba pa paketi iliyonse yolowa m'nyumba, ngakhale ya mchere. Pauline anandipatsa dzina lakuti "a nesi".

Kuseri kwa nyumba ya apongozi kuli thanki ya simenti imene anamanga malemu apongozi aamuna. Imalandira madzi a mvula ochokera padenga la malata. Mjigo uli kutsidya la mtsinje, ola lathunthu kupita ndi kubwera, choncho thankiyo ndi ulemu wa banja lonse. Koma chivindikiro chake chinasweka kalekale, dzuwa limalowa, ndipo ndere imamera m'makoma ngati ubweya. Milungu iwiri iliyonse ine ndi Pauline tinkatsikiramo ndi mchenga ndi chisaka kukakwecha. Azaumoyo ankabweretsa kolorini nthawi ya mvula, koma chaka chimenecho anabwera kamodzi kokha.

Khirisimasi itangodutsa, ndere inatha.

Sinachepe, inatheratu. Madzi anayera mpaka munthu kumaona ming'alu ya simenti pansi. Amayi oyandikana nafe ankabwera kudzasuzumira. "Ayi aNangozo, awa ndi madzi a ku tauni," ankatero. Apongozi ankangomwetulira. Nanenso ndinasangalala kwa masiku angapo, chifukwa zala zanga zinapuma. Inalinso nthawi imene Mtendere anayamba phala ndi kumwa madzi ndi supuni, ndiye ndinati Mulungu wandikomera mtima.

Chinandidzutsa ndi maungu anga. Kuseri kwa bafa, kumene kumayenderera madzi osamba, ndinadzala mapando atatu a maungu kuti ndizithyola mnkhwani pafupi. Bonongwe ndi chisoso zinamera zokha. M'mawa wina ndikutaya madzi osambitsira mwana, ndinaona masamba a maungu achita chikasu kuyambira m'mphepete, ngati awauka ndi moto. Patatha masiku anayi anauma. Bonongwe anauma, chisoso chinauma. Koma pakati pa zoumazo panali chimanga chiwiri chimene chinamera chokha, chobiriwira bii, chosadziwa kuti anzake afa.

Ndinaima pamenepo beseni lili m'manja. Chithunzi chimenecho ndinali nditachiona kale, kumunda kwathu, a Bizwell atapopera: mizere ya chimanga ili chilili, ndiwo zakutchire zonse zitapsa.

Ndinapita kukasuzumira m'thanki. Tinyongolotsi ta udzudzu tinalimo, tikuvinavina monga mwa masiku onse. Chimene chinasowa ndi chobiriwira chokha.

Chigubu cha mankhwala chinkapachikidwa pa msomali m'kachipinda kosungira makasu. Kupopera kunali kutatha, ndipo munatsala pafupifupi theka. Masana tsiku lomwelo, anthu ali kumunda, ndinachitsitsa, ndinachiunika padzuwa, n'kukanda kamzere ndi pini pamene mankhwala ankalekeza. Ndinadzifunsa ngati mutu wanga ukuyenda bwino. Mkazi wanzeru amakanda zigubu za eni ake mobisa?

Kuyambira tsikulo ndinayamba kupita kumjigo m'mamawa ndi ndowa yaing'ono, ya mwana yekha.

"A nesi, madzi ali pakhomo ngati galasi, inu mukukatunga a dzimbiri kutsidya?" anandifunsa Pauline akupaka utoto zikhadabo zake pakhonde. "Kapena kumjigoko kuli amene akukupoperani?"

"Ndikuwongola miyendo, alamu."

"Miyendo imeneyo achimwene anaiona yokhota n'kuikonda choncho. Isiyeni."

Ndinaseka nawo, koma maso anga anali pa manja ake. Pauline ankadana ndi kukwecha thanki kuposa chilichonse. Ndipo ine sankandikonda kwenikweni. Mnzake wina wapamtima ndi amene ankafuna kuti akwatiwe pakhomopo. Tsopano chilichonse chimene ankachita chinayamba kundionekera mwina. Akalowa m'kachipinda ka makasu, ndinkawerenga mumtima kuti atha nthawi yotani. Akanyamula Mtendere, ndinkapeza chifukwa chomulandira. Tsiku lina anamwa madzi a m'thanki ine ndikuona, kapu yonse, ndipo ndinaganiza kuti akuchitira dala kuti ndisamukayikire.

Patatha mlungu ndinatsitsanso chigubu. Mankhwala anali atatsika pansi pa kamzere kanga, pang'ono pokha, ngati kunenepa kwa chala cha mwana.

Madzulo ake ndinawafunsa amuna anga, ali pampando akukonza tcheni cha njinga.

"Bambo a Mte, mwapoperanso kwinakwake masiku ano?"

"Ndipoperenso chiyani? Udzu unafa."

"Nanga wina anabwereka mankhwala?"

Sanadzutse mutu. "Iwe, wayamba ulonda wa zigubu tsopano?"

"Ndangofunsa."

"Amayi akudandaula," anatero akupukuta manja pa chisanza. "Akuti mpongozi wawo akunyansidwa ndi madzi a pakhomo pawo. Anthu kumjigo akufunsa. Ukufuna azinena kuti kwa aNangozo kuli chiyani?"

Ndinaona kuti funso langa analilumpha, ndipo nawonso ndinawaika m'gulu la okayikitsa.

Loweruka linali tsiku lokagulitsa kachewere ku Nsipe. Ndinali nditakopera m'kope langa lakale mawu onse a pachigubu amene sindinawamve, ndipo ndinatumiza uthenga pafoni kwa Emma kuti tikakumane pamsika. Emma tinkakhala desiki imodzi kusekondale. Iye anapitirira ku koleji, ndipo tsopano amaphunzitsa sayansi pasukulu ina chakufupi ndi Nsipe.

Mtendere anali ndi chimfine. Apongozi anati, "Musiyeni mwanayu, mayi a Mtendere. Kumsewu kuli fumbi la magalimoto." Ndinaganiza msanga: Pauline akupita nane, ndiye kuti woopsayo ndili naye ine. Ndinawasiyira botolo la madzi a kumjigo, owiritsa, ndi ufa wa phala. Analandira botolo ndi manja awiri.

Emma anatipeza titayala milu yathu m'mphepete mwa msewu, mabasi akuima, anthu akuthamangira mawindo ndi mabeseni. Ndinamukokera pambali pang'ono, ndinamuonetsa kope. Ndinaloza mawu amene pachigubu analembedwa pansi pa dzina la mankhwala, akuti triazine.

"Tirayazini," anawerenga Emma. "Ili si dzina lake lenileni, mwali. Ndi mfunda wake. Monga apongozi ako ndi aNangozo, koma aNangozo alipo ambirimbiri. Tabweretsa kachewere atatu."

Anagwada, n'kupempha matimati atatu kwa mayi amene ankagulitsa pafupi nafe. Anaziyala pa chisaka mozungulira, mosinthanitsa: kachewere, thimati, kachewere, thimati, mpaka zisanu ndi chimodzi zinatseka mkombero.

"Ukukumbukira ma atomu a m'kalasi aja? Kachewere ndi kaboni. Matimati ndi nayitirojeni. Zagwirana manja, zatseka bwalo. Mawu akowo akungonena zimenezi basi: mkombero wa malo asanu ndi limodzi, atatu mwa iwo ndi a nayitirojeni. Aliyense wokhala ndi mkombero wotere pakati pake ndi wa mfunda umenewu. M'mbalimu mumapachikidwa zina ndi zina, ndipo ndi zimene zimasiyanitsa uyu ndi m'bale wake."

"Alamu, kachewere wanga mukuchita naye masamu?" anakuwa Pauline ali pamulu. "Akabereka mundigawireko."

Emma anaseka. Ine sindinathe.

"Ndiye kuti mkomberowu ndi poizoni?"

"Pawokha ayi. Mikombero yokhala ndi nayitirojeni ili paliponse. Ina ili ndi mmodzi, ina awiri, ndipo uliwonse uli ndi dzina lake. Ili m'mapiritsi a kuchipatala, ili m'tiyi, ili m'thupi mwakomo. Koma a mfunda uwu amene amapha udzu, ntchito yawo ndi kutseka njira imene chomera chimapangira chakudya ndi dzuwa. Chimafa ndi njala chili chilili. Chimanga chimatha kuwaphwanya, n'chifukwa chake sichifa. Nyemba, maungu, chisoso, sizitha. Amalemba mfundawo pachigubu kuti mlimi adziwe zimenezo, asadzalepo nyemba msanga."

"Nanga ndere?"

Anandiyang'ana. "Ndere nayo imadya dzuwa. Imafa. Bwanji?"

Ndinamuuza zonse, mawu ali pansi: thanki, maungu, kamzere ka pini. Nkhope yake inasintha.

"Koma ndimawiritsa," ndinatero. "Kuyambira pachiyambi, madzi a mwana ndinkawiritsa mpaka kubwadamuka."

"Kuwiritsa kumapha tizilombo, Salome. Ichi si kachilombo." Anagunda mkombero uja ndi chala. "Bwalo lotsekeka chonchi siliphwanyika wamba. M'dothi limatha miyezi. Moto wa pa mafuwa sungalichotse m'madzi."

Milungu itatu yathunthu ndisanayambe kupita kumjigo, ndinkamumwetsa ndi dzanja langa.

"Mwana wanga afa?"

"Usathamange. Sagwetsa munthu tsiku limodzi ngati mankhwala a makoswe. Ine si dokotala, sindikunamiza kuti ndikudziwa chimene angachite m'kathupi kakang'ono akamamwa tsiku ndi tsiku. Chimene ndikudziwa n'chakuti si akumwa. Asamwenso. Upite naye kuchipatala, utenge kope lakoli, ukawauze mmene wandiuzira ine. Ndipo thankiyo ikhuthulidwe, itsukidwe."

Emma atapita, ndinabwerera pamulu. Ndinali nditatopa ndi kuzemba.

"Alamu, ndikufunseni. Chigubu cha mankhwala chija mumachigwira?"

"Ine? Ndi zikhadabo izi? Chimanunkha ngati chimbudzi cha kumsika."

"Nanga bwanji simudandaulanso za kukwecha thanki?"

"Ndidandaulirenji? Amayi anati tisavutikenso, thanki aziisamala okha." Anatembenukira basi imene inkaima. "Kachewere apa, bwana, wa lero."

Ndinamusiyira milu yonse. Anandiitana kawiri, sindinacheuke. Njira yochokera ku Nsipe kukwera kumudzi ndimayenda ola ndi theka, koma tsiku limenelo sindikumbukira kuti ndinadutsa pati.

Ndinawapeza apongozi atakhala pamphasa pansi pa mtengo wa pichesi, Mtendere ali pamiyendo pawo. Ankamumwetsa madzi ndi supuni kuchokera m'kapu yachitsulo, akumuimbira nyimbo ya kutchalitchi chapansipansi. Botolo langa linali pawindo, lodzaza, losatsegulidwa.

Ndinagwada chapatali monga mwa ulemu, ngakhale thupi lonse linkafuna kulumpha.

"Mwabwera msanga, mayi a Mtendere. Malonda ayenda?"

"Ayenda, amayi. Ndimulandire ayamwe."

Anandipatsa. Ndinamukumbatira mwana mpaka analira.

"Amayi, madzi ali m'kapuwo ndi a kuti?"

"A m'thanki. Anu aja ndawaona, ali ndi dzimbiri pansi. Sindingamwetse mdzukulu wanga zimenezo."

"Ndifunse nawo, mundikhululukire. M'thankimo mumathira kanthu?"

Ndinkayembekezera kuti akana, kapena akwiya. M'malo mwake nkhope yawo inawala ngati munthu amene ntchito yake yaonedwa.

"Mwazindikira eti? Kachivindikiro kamodzi ka mankhwala a m'chigubu aja Loweruka lililonse, ndimatakasa ndi nsungwi. Ndathira m'mawa uno mutangonyamuka. Ndinaona Bizwell atatsukira mpope m'chithaphwi cha kumunda, ndere yonse inatha. Ndinati, kolorini sakubwera, mwana wayamba kumwa madzi, nanga ndikhale pansi? Sindinafune kulengeza, anthu angayambe kudzapempha mankhwala."

"Amayi, aja ndi mankhwala opha."

"Opha udzu. Munthu ndi udzu? Ine ndikumwa, Pauline akumwa, amuna anu akumwa. Wagwa ndani? Ngakhale tinyongolotsi sitikufa."

"Alangizi ananena kuti..."

"Alangizi anaikapo mwana m'manda?" Mawu awo sanakwere, koma anauma. "Simukudziwa inu, munali musanabwere. Pakati pa Bizwell ndi Pauline panali Elson. Anali ngati uyu, wangoyamba kukhala pansi. Chaka cha kolera tinkamwa madzi obiriwira a pachitsime. Anayamba kutsegula m'mimba Lachiwiri, Lachinayi tinaika. Thanki ija bambo awo anamanga chifukwa cha iyeyo. Ine madzi obiriwira sadzalowanso m'kamwa mwa mwana pakhomo pano ndili moyo."

Milungu yonseyi ndinkasaka munthu wodana ndi mwana wanga. Ndikanamupeza, ndikanadziwa chochita: kukuwa, kuitana ankhoswe, kuloza chala. Koma amene ndinamupeza anali mayi amene amadzuka usiku kudzafunsa ngati mdzukulu wafunda.

Ndinayesabe. Ndinatola miyala itatu ndi zipatso zitatu za pichesi zakugwa, ndinaziyala pamphasa monga anachitira Emma. Ndinafotokoza za mkombero umene suphwanyika ndi moto, umene umakhala miyezi. Anamvetsera mwaulemu mpaka ndinamaliza.

"Sukulu ndi yabwino," anatero, akutola mapichesi aja n'kuwaponyera nkhuku. "Koma ine ndimakhulupirira chimene diso laona. Madzi aja ndi oyera."

A Bizwell anafika dzuwa litapendeka, Pauline ali pambuyo pawo ndi mabeseni, akulalata kuti ndinamuthawa pamsika. Apongozi anawaitanira ana awo m'nyumba. Anakhalamo nthawi yaitali. Atatuluka, amuna anga anandipeza kukhitchini.

"Wawauza amayi kuti akupha mwana?"

"Sindinatero. Ndati mankhwala aja si akumwa. Inu munkadziwa?"

"Ndinkadziwa, inde. Ndine ndinawatsegulira chigubu tsiku loyamba, chinali cholimba."

"Ndinakufunsani, bambo a Mte."

"Unafunsa za kupopera." Anakhala pa mtondo wogadabuza. "Tamvera. Ndamva za miyala yakoyo. Akuti muli nayitirojeni eti? Nayitirojeni si yemwe uja ali mu feteleza? Timathira m'chimanga chaka ndi chaka, chimanga timadya. Nanenso kusukulu ndinapitako."

"Emma akuti nkhani si nayitirojeniyo, koma mmene wagwiranirana ndi zinzake. Feteleza amene mukunenayo, mungamusungunule m'kapu n'kumwetsa mwana?"

"Emma ali ndi banja?"

"Tikhuthule thanki, chonde. Ndikwecha ndekha, mlungu uliwonse, Pauline asagwireko. Tigule malata awiri tivindikire, dzuwa likapanda kulowa ndere simera."

"Kukhuthula? Ndi ng'amba imeneyi? Mvula yatha milungu iwiri osagwa. Titaye madzi odzaza thanki ya bambo anga mudzi wonse ukuona, kuti anthu azinena kuti aNangozo ankathira poizoni? Ukudziwa dzina limene amapatsa mayi wachikulire akamveka choncho?"

Ndinkalidziwa. Ndipo ndinaona kuti mantha awo si abodza.

"Ndiye mwana azimwa a kumjigo okha."

"Zakumjigozo zathera pano. Amayi alira m'nyumbamo, sindinawaonepo akulira chimwalirire bambo. Mawa tikaweruka kutchalitchi ukagwada, ukapepese. Lolemba tonse tikupita kukabandira kumunda wa kuphiri, mwana atsala ndi agogo ake monga amachitira ana onse." Anaima, kenako anafewetsa mawu ngati akundipatsa mphatso. "Ndiyankhula nawo achepetse. Azithira theka la kachivindikiro."

Ndinawayang'ana amuna anga. Si munthu woipa. Sanandimenyepo, samwa mowa, Mtendere akamva mawu awo amakupiza manja. Ankakhulupirira ndi mtima wonse kuti nkhani aithetsa bwino, aliyense wapatsidwa mbali yake.

"Ndamva," ndinatero.

Anapita kukatsekera mbuzi. Ndinatsala ndikuganiza za Lolemba. Munda wa kuphiri uli kutali. Timanyamuka kusanache, timabwera dzuwa litapendeka. Maola onsewo mwana ali pamiyendo ya agogo ake, kapu yachitsulo ili pambali. Ndikanatha kubisa chigubu, koma mankhwala ali kale m'madzi, ndipo zigubu zina zili m'nyumba iliyonse ya kalabu. Ndikanatha kukanena kwa azaumoyo, koma akanabwera ndi njinga zawo mudzi wonse ukuona, ndipo dzina limene amuna anga ankaliopa likanawamatirira apongozi mpaka kumanda. Ankhoswe akanati mpongozi apepese kaye, zina tikambirana. Njira iliyonse imene ndinkaitsata inkathera pa supuni ija ikulowa m'kamwa mwa mwana wanga.

Ndinadzifunsanso ngati si mantha anga achabe aja. Mwina sangadwale n'komwe. Mwina adzakula, adzathamanga, ndipo ine ndidzakhala mkazi amene anathetsa banja chifukwa cha maungu atatu. Emma yemwe anati sakudziwa. Koma kusadziwako ndi kumene sindikanatha kukhala nako pakhomo limodzi.

Apongozi anadutsa pakhomo la khitchini atanyamula ndowa yochokera kuthanki. Anaitula pafupi ndi ine, maso ali ofiira.

"Osambitsira mwana awa, ndawatenthetsa," anatero, n'kubwerera.

Ndinathokoza. Madziwo ndinakawathira kuseri kwa bafa, mwana ndinamupukuta ndi kansalu konyowetsa ndi a m'botolo.

Kunja kukali kowala, ndinaanula zovala pachingwe monga ndimachitira masiku onse. Za amuna anga ndinazipinda n'kuziika m'sutikesi mwawo. Zanga ndi za mwana ndinazikulunga m'chitenje chimodzi pamodzi ndi buku la kusikelo ndi kope lija, n'kukankhira mtolowo kunsi kwa bedi, chakukhoma. Pauline anasuzumira pawindo.

"A nesi, mwakwiya? Bwerani tidzasankhe nyemba."

"Ndikubwera, alamu."

Ndinali nditatsimikiza. Apongozi amadzuka tambala wachiwiri kudzasesa pabwalo, choncho ine ndidzanyamuka woyamba akangolira. Ndikafika ku Nsipe kukuyera, ndikayamba ndapita kuchipatala kukanena zimene mwana wamwa, osatchula dzina la munthu, kenako ndikakwera galimoto yotsikira kwathu ku Bwanje. A Bizwell akafuna mkazi ndi mwana wawo, njira akuidziwa, ndipo chimene ndikufuna kuti chichitike ndi thanki ija achimva kale.

Chitseko cha nyumba yathu chimalira chikamatsegulidwa. Ndisanapite kukasankha nyemba, ndinaviika nthenga ya nkhuku m'mafuta ophikira, ndinapaka m'zitsulo zake zonse ziwiri, n'kuchiyesa katatu mpaka chinakhala chete.